Musathamangire kumunyamula: zoyenera kuchita munthu akavulala mutu, khosi kapena msana

Mwina munaziwonapo, mwinanso munali nawo m'gulu la othandizawo. Njinga yamoto ya kabaza yawombana ndi minibasi, wokwera wagwera pa tala, ndipo mphindi imodzi isanathe anthu amuzungulira. Wina wagwira mkono, wina mwendo, wina akukoka helemeti kuti "apume bwino", mayi wina wabwera ndi botolo la madzi. Aimitsa galimoto yodutsa, amunyamula ngati thumba la chimanga n'kumupindira kumpando wakumbuyo, mutu uli lendelende. Onsewa achita zimenezi ndi mtima wabwino. Koma ngati fupa la m'khosi linathyoka pomwe amagwa, kanyamulidwe kameneka kakhoza kuchititsa kuti munthu amene akanadzayendanso akhale pa njinga ya olumala moyo wake wonse.

Bungwe loona za umoyo padziko lonse la WHO likuti ngozi zapamsewu zimapha anthu pafupifupi 1.19 miliyoni chaka chilichonse, ndipo ndi zomwe zikupha kwambiri ana ndi achinyamata a zaka 5 mpaka 29. Kuno kwathu ambulansi sifika msanga m'malo ambiri, choncho munthu woyamba kugwira wovulala nthawi zambiri sakhala dokotala. Amakhala inuyo. Komanso si pamsewu pokha. Mwana amagwa mumtengo wa mango, mmisiri amatsetsereka padenga, munthu amagwa pa lole ya matola, khoma limagwera anthu m'nyengo ya mvula, wina amamenyedwa ndi chibonga m'mutu. Kavulalidwe kake n'kofanana.

Fupa limapola, koma chomwe chili mkati mwake sichipola

Msana si fupa limodzi. Ndi timafupa 33 tosanjikizana kuchokera pansi pa chigaza mpaka kumatako: 7 tili m'khosi, 12 kumbuyo kwa chifuwa pomwe pamalumikizika nthiti, 5 m'chiuno, ndipo totsalato tinagwirana kumunsi. Pakati pa timafupati pali bowo, ndipo m'bowomo mumadutsa mtsempha waukulu wofewa wochokera ku ubongo, wonenepa ngati chala chanu chaching'ono. Mtsempha umenewu sunyamula magazi ayi. Umanyamula mauthenga. Mukafuna kusuntha phazi, uthenga umatsika kudzera m'menemo. Mukaponda munga, uthenga umakwera kudzera momwemo. Ngakhale kugwira mkodzo ndi chimbudzi kumadalira njira yomweyi.

Fupa likathyoka limatha kupola. Mtsempha wa mumsana ukaduka sulumikizikanso, ndipo chilichonse chomwe chili kumunsi kwa pomwe wadukirapo chimasiya kumva ndi kugwira ntchito. Ukawonongekera m'chiuno kapena kumbuyo kwa chifuwa, imafa ndi miyendo. Ukawonongekera m'khosi, manja ndi miyendo yomwe. Ukawonongekera kumtunda kwenikweni kwa khosi, munthu amalephera ngakhale kupuma, chifukwa mitsempha yolamula mnofu waukulu wopumira imatulukira pafupi ndi fupa lachitatu, lachinayi ndi lachisanu la m'khosi.

Tsono mfundo yofunika ndi iyi: anthu ambiri amathyoka fupa la msana mtsemphawo usanawonongeke, kapena utangowonongeka pang'ono. Fupa lothyokalo limakhala losakhazikika. Mukapinda khosi, mukamukhazika tsonga, mukamuimiritsa kuti "tione ngati angayende", fupalo likhoza kusuntha n'kufinya kapena kudula mtsempha womwe unapulumuka pangozi yeniyeniyo.

Mungadziwe bwanji? Mufunseni. Ngati akudandaula kupweteka kwa khosi kapena msana, ngati akumva dzanzi kapena zolasalasa m'manja ndi m'miyendo, ngati akulephera kusuntha zala, ngati wadzikodzera kapena kudziyipitsira osadziwa, muganizire kuti msana wavulala. Koma musadikire zizindikiro. Aliyense amene wagwa kuchokera pamwamba, waponyedwa kuchoka pa njinga yamoto kapena m'galimoto, wadumphira m'madzi osaya n'kugunda mutu pansi, kapena wakomoka atavulala m'mutu, mumutenge ngati wathyoka khosi mpaka achipatala atanena kuti ayi. Kutha kuyenda si umboni woti ali bwino. Alipo amene amadzuka n'kuyenda ndi fupa la m'khosi lothyoka.

Mukafika pamalo a ngozi

Yambani ndi inu nomwe. Pamsewu ngati wa M1, makamaka usiku, othandiza nawo amagundidwa. Tumani anthu awiri aime patali mbali zonse kuti achenjeze galimoto, wina athimitse injini, wina aimbe foni kuchipatala chapafupi kapena kupolisi. Anthu amene atulutsa mafoni kuti ajambule, apatseni ntchito imeneyi. Ikhala yaphindu kuposa kanema wa pa WhatsApp yemwe achibale adzamuone asanamve n'komwe za ngoziyo.

Kenako yandikirani wovulalayo kuchokera komwe nkhope yake yayang'ana, kuti asatembenuze khosi pofuna kukuonani. Muuzeni kuti asasunthe. Gwadani kumutu kwake, ikani manja anu mbali zonse za mutu osatseka makutu, ndipo mugwire mutuwo momwe mwaupezera. Musaukoke, musauwongole mokakamiza. Ntchito yanu yatha pamenepo: ndinu wogwira mutu, ndipo simusiya mpaka wina wodziwa atakulandirani. Chitenje kapena juzi yopindidwa ikhoza kuikidwa mbali iyi ndi iyo kuti ikuthandizeni, koma osati pansi pa mutu ngati pilo.

Helemeti isiyeni, pokhapokha ngati ikumulepheretsa kupuma kapena akusanza. Ikamachotsedwa pafunika anthu awiri, wina kugwira khosi ndi chibwano, wina kuivula pang'onopang'ono.

Pali chinthu chimodzi chomwe chimaposa msana, ndicho mpweya. Ubongo ukasowa mpweya umayamba kufa m'mphindi zochepa chabe. Ngati munthu wakomoka ndipo akuchita nkonono kapena akutsamwa ndi magazi kapena masanzi, simungangomuyang'ana poopa khosi. Kankhirani nsagwada zake kutsogolo ndi zala zanu osapinda khosi, ndipo ngati akusanza mutembenuzeni chammbali thupi lonse pamodzi ngati chipika, mutu, mapewa ndi chiuno zikuyendera limodzi. Ngati sakupuma n'komwe, mugonekeni chagada ndipo panikizani pakati pa chifuwa mwamphamvu ndi mofulumira, ka 100 mpaka 120 pa mphindi, mpaka thandizo lifike. Chimodzimodzi ngati pali moto kapena ali m'madzi: muchotseni, koma mumukoke molunjika mutagwira m'khwapa, mutu utatsamira pa mikono yanu.

Pomwe pakutuluka magazi ambiri, panikizani ndi nsalu yoyera. Bala la m'mutu limatulutsa magazi ochuluka ngakhale likhale laling'ono, choncho musachite mantha ndi magaziwo. Koma mukamva kuti fupa la chigaza lalowa mkati kapena likusuntha, musapanikize pomwepo; phimbani ndi nsalu n'kupanikiza m'mbali mwa bala. Chinthu chomwe chazika m'mutu musachizule.

Madzi akumwa, mkaka, Fanta, zonsezi ayi. Munthu amene sakudziwa bwino zomwe zikuchitika akhoza kutsamwa, komanso mwina akufunika opaleshoni yomwe imafuna m'mimba mopanda kanthu. Kumuthira madzi kuti atsitsimuke nakonso sikuthandiza. Thupi la munthu wovulala likazizira magazi amachedwa kuundana, choncho mumufunditse.

Nanga ambulansi ikapanda kubwera? Apa ndi pomwe malangizo ambiri ochokera kunja amathera, koma ife sitingathere pomwepo. Ngati muyenera kumutenga nokha, pezani chinthu cholimba ndi chafulati: chitseko, thabwa lalikulu, benchi. Pakhale anthu osachepera anayi. Wogwira mutu ndi amene alamule, awerenge kuti "wani, thu, fili", ndipo onse atembenuze thupi chammbali nthawi imodzi, chitseko chilowe kunsi, n'kumubwezera pomwepo. Mumangeni ndi zitenje pachifuwa, m'chiuno ndi m'miyendo kuti asagubuduke. Galimoto yabwino ndi yomwe angagonemo motambalala, monga pikiapu kapena minibasi, osati kumpando wakumbuyo kwa galimoto yaing'ono, ndipo osati pa njinga yamoto atakhala pakati pa anthu awiri. Woyendetsa ayende modekha m'mabampu. Mphindi 10 zomwe mungataye pofunafuna chitseko sizingafanane ndi zomwe angataye iye mukamunyamula mwachisawawa.

Nkhani ya kalata ya apolisi isakuchedwetseni. Munthu wina apite kukanena kupolisi, wovulalayo alunjike kuchipatala.

Wadzuka, akulankhula, akuti ali bwino

Kuvulala kwa mutu kuli ndi msampha wakewake, ndipo mwa zonse zomwe zili m'nkhani ino, ichi ndi chomwe ndikufuna kuti musaiwale.

Chigaza cha munthu wamkulu ndi bokosi lotseka. Mwendo ukatupa umafufuma kunja, koma m'mutu mulibe kofufumira. Mtsempha wa magazi ukang'ambika mkatimo, magaziwo amasonkhana pang'onopang'ono n'kuyamba kufinya ubongo. Malo oopsa kwambiri ndi m'mbali mwa mutu, kumtunda ndi kutsogolo pang'ono kwa khutu, pomwe fupa ndi lopyapyala ndipo kunsi kwake kumadutsa mtsempha wa magazi othamanga. Munthu wogundidwa pamenepa akhoza kukomoka kanthawi, kapena osakomoka n'komwe, n'kudzuka, kusasa fumbi, kuseka ndi anzake, kupita kunyumba. Pakapita maola angapo mutu umayamba kupweteka kwambiri, amasanza, amayamba kusinza, ndipo achibale amati watopa, agone. Sadzukanso.

Izi zinachitikira Natasha Richardson, katswiri wa mafilimu wa ku Britain, mu Malichi 2009. Anagwa pomwe amaphunzira masewera otsetsereka pa chipale chofewa ku Mont Tremblant m'dziko la Canada. Anadzuka akulankhula bwinobwino ndipo poyamba anakana thandizo la chipatala. Pambuyo pake mutu unayamba kumupweteka, ndipo anamwalira patapita masiku awiri chifukwa cha magazi omwe anasonkhana pakati pa chigaza ndi chikopa chokuta ubongo. Anali ndi zaka 45. Chowawa n'chakuti vuto limeneli likadziwika msanga, madokotala amatha kutsegula chigaza, kuchotsa magaziwo, ndipo ambiri amachira.

Choncho munthu akagunda mutu, thamangirani naye kuchipatala ngati anakomoka ngakhale kwa kanthawi kochepa, ngati sakukumbukira zomwe zachitika kapena akubwereza funso lomwelomwelo, ngati wasanza kangapo, ngati mutu ukungowonjezera kupweteka, ngati akusinza moti akuvuta kudzutsa, ngati akulankhula mosamveka, akuyenda dzandidzandi, kapena mkono kapena mwendo wa mbali imodzi wafooka. Muyang'aneninso m'maso: kadontho kakuda ka pakati pa diso limodzi kakakula kuposa ka linzake, nthawi yatsala pang'ono kwambiri. Magazi kapena madzi oyera otuluka m'khutu kapena m'mphuno, kuda kozungulira maso onse awiri, kapena kuda kumbuyo kwa khutu, zimasonyeza kuti mwina chigaza chasweka kunsi. Musatseke khutulo ndi thonje. Ingoikani nsalu yoyera pamwamba, madziwo azituluka.

Mowa umasokoneza zonsezi. Zizindikiro za kuledzera ndi za kuvulala kwa ubongo n'zofanana: kudzandira, kusanza, kulankhula zosamveka, tulo. Ndi chifukwa chake munthu amene wagwa kapena kumenyedwa ku bala n'kumusiya pakhonde kuti "mowa uthe" amapezeka m'mawa atafa. Ngati woledzera ali ndi bala kapena chotupa m'mutu, kapena pali amene anamuona akugwa, vuto lake ndi mutu mpaka achipatala atatsimikiza kuti ndi mowa chabe.

Agogo nawo ali ndi vuto lawo. Munthu akamakalamba ubongo umachepa pang'ono, ndipo timitsempha ta magazi tolumikiza ubongo ndi chikopa chake timakokeka n'kukhala tosachedwa kuduka. Kugwa pang'ono kubafa, komwe aliyense waiwala, kukhoza kuyambitsa kudontha kwa magazi komwe kumaonekera patapita masabata. Agogo amayamba kuiwalaiwala, kusintha khalidwe, kukoka mwendo, kugona usana. Pakhomo anthu amati ndi ukalamba, ena amati ndi sitiroko, ena amayamba kulozana zala kuti alodzedwa. Mukaona zotere, dzifunseni ngati anagwapo posachedwa, ndipo mukawauze achipatala. Chiopsezochi n'chachikulunso kwa amene amamwa mowa kwambiri, ndi amene ali pa mankhwala ochepetsa kuundana kwa magazi monga Warfarin. Ameneyu akagunda mutu apite kuchipatala ngakhale akuoneka kuti ali bwino.

Khanda silinena kuti mutu ukupweteka. Yang'anani kulira kosatonthozeka, kukana bere, kusanza mobwereza, kufooka, kapena liwombo lotupa. Mwana wosakwana chaka akagwa kuchokera kumsana, pabedi kapena m'manja n'kutupa m'mutu, akaonedwe.

Akayamba kugwedezeka ngati wakhunyu

Ubongo wovulala umatha kuchititsa munthu kukomoka n'kumagwedezeka. Musamupanikize pansi, ndipo musamulowetse supuni, chala kapena kamtengo m'kamwa. Palibe munthu amene amameza lilime lake. Chomwe supuni imachita ndi kuthyola mano ndi kutseka njira ya mpweya. Chotsani zinthu zomwe zingamupweteke, tetezani mutu, ndipo kugwedezekako kukatha mutembenuzeni chammbali. Thovu la m'kamwa mwake silingakupatsireni matenda a khunyu. Yang'anani nthawi: kugwedezeka kopitirira mphindi 5 n'koopsa pakokha, koma kwa munthu amene wavulala m'mutu, ngakhale kwa mphindi imodzi n'chifukwa chokwanira chothamangira kuchipatala.

Kuchipatala akachita chiyani?

Choyamba adzaona kupuma ndi kuthamanga kwa magazi, kenako adzayeza kuti munthuyo ali maso motani. Amagwiritsa ntchito muyezo wotchedwa Glasgow Coma Scale, womwe unakonzedwa ku Glasgow mu 1974: amaona ngati akutsegula maso, akuyankha, komanso akusuntha thupi, ndipo amapereka nambala kuyambira 3 mpaka 15. Mukamva namwino akuti "15", ndiye kuti ali maso bwinobwino. 8 kutsika pansi ndi kuvulala kwakukulu. Mwina simudziwa kuti muyezo wina wotere, wa ana aang'ono omwe sanayambe kulankhula, umatchedwa Blantyre Coma Scale chifukwa unakonzedwa kuno kwathu, ndi madokotala Malcolm Molyneux ndi Terrie Taylor pamodzi ndi anzawo, pothandiza ana odwala malungo a mu ubongo.

Chithunzi cha X-ray chimaonetsa mafupa, koma sichionetsa magazi omwe ali mu ubongo. Pamafunika makina a CT scan, omwe sapezeka pachipatala chilichonse. Ndi chifukwa chake chipatala cha boma lanu chikhoza kukutumizani ku chipatala chachikulu. Maopaleshoni a ubongo ndi msana amachitikira ku Queen Elizabeth ku Blantyre komanso ku LION, chipatala cha mafupa ndi ubongo chomwe chili pa Kamuzu Central ku Lilongwe. Akakuuzani kuti wodwala atumizidwe, musayambe mwabwerera kunyumba kukadikira malume kuti agamule.

Kufulumira kuli ndi phindu linanso. Kafukufuku wamkulu wotchedwa CRASH-3, yemwe zotsatira zake zinatuluka mu 2019 ndipo anakhudza odwala oposa 12,000 m'maiko 29, anapeza kuti mankhwala otchedwa tranexamic acid amachepetsa imfa mwa anthu omwe avulala m'mutu pang'ono kapena mwapakatikati, akaperekedwa maola atatu asanathe chichitikireni ngozi. Ndi mankhwala osakwera mtengo, koma nthawi yake ikadutsa yadutsa.

Mitsempha ya mauthenga ya m'manja ndi m'miyendo nayo imavulala. Wa njinga yamoto akagwera phewa, mitsempha yochokera m'khosi kupita kumkono imatha kukokeka, mkono n'kungolendewera. Bala lakuya la mpeni kapena galasi padzanja likhoza kudula mtsempha, zala n'kuchita dzanzi. Mosiyana ndi mtsempha wa mumsana, imeneyi imatha kumeranso pang'onopang'ono, ndipo ina amaisoka, choncho nenani za dzanzilo bala lisanasokedwe. Ndipo ngati mwaikidwa pulasitala, ululu n'kumakula, zala n'kutupa kapena kuchita dzanzi, bwererani tsiku lomwelo.

Akakutulutsani

Anthu ambiri ogunda mutu amangokhala ndi kugwedezeka kwa ubongo kopanda kutaya magazi, ndipo amachira m'masabata ochepa. Akabwerera kunyumba, pakhale munthu wamkulu womuyang'anira kwa maola 24 oyamba. Kugona n'kololedwa, zoti munthu wogunda mutu asagone n'zachikale. Chofunika n'chakuti akupuma bwino ndipo mukamudzutsa akudzuka n'kukuzindikirani. Mutu ukamapweteka amwe Panado, osati Asipirini kapena Brufen pokhapokha dokotala atanena. Asamwe mowa, asayendetse galimoto kapena njinga. Wosewera mpira amene wagundana mitu n'kuchita chizungulire atuluke m'bwalo ndipo asabwererenso tsiku limenelo, kaya ndi fainolo ya bonanza yamtundu wanji. Chizindikiro chilichonse mwa zomwe tatchula zija chikaoneka, bwererani kuchipatala, ngakhale pakati pa usiku. Pa mafunso omwe si adzidzidzi mukhoza kuimba 929, nambala yaulere ya Chipatala Cha Pa Foni.

Kwa amene msana wawonongeka, ntchito imayamba pomwe ngozi yathera. Wodwala ayenera kutembenuzidwa pafupifupi maola awiri aliwonse kuti asachite zilonda za pabedi, zomwe pamodzi ndi matenda a m'chikhodzodzo zimapha ambiri mwa amene anapulumuka pangozi. Malo ngati Kachere Rehabilitation Centre ku Blantyre amaphunzitsa odwala otere ndi owasamalira momwe angakhalire.

Za helemeti sindichulukitsa, poti mukuzidziwa. WHO ikuti helemeti yabwino yovalidwa moyenera imachepetsa chiopsezo cha kuvulala kwa ubongo mpaka ndi 74 peresenti. Mawu oti "moyenera" akutanthauza lamba womangidwa pachibwano. Yosamanga imauluka mutu usanafike pansi.

Ngati ndinu amene mwaperekeza wovulala, musangomusiya pakhomo la chipatala n'kuchoka. Muli ndi zinthu zomwe makina sangaone. Auzeni achipatala nthawi yomwe ngozi yachitika, kuti anagwa motani, anakomoka kwa nthawi yaitali bwanji, wasanza kangati, ngati anamwa mowa, komanso ngati amasuntha manja ndi miyendo pomwe mumamupeza. Lembani nthawiyo mufoni mukangofika pamalo a ngozi, chifukwa pakatha ola limodzi aliyense adzakhala akunena nthawi yakeyake.